Sabata ya Carl Foreman m'kalasi mwanga

Ndimaphunzitsa achinyamata kulemba nkhani za mafilimu ndi masewero a pa wailesi. Sabata yathayi tinaika mabuku pambali n'kutsata moyo wa Carl Foreman, mlembi wobadwira ku Chicago mu 1914.

Lolemba tinaonera High Noon, filimu ya mu 1952 imene Foreman analemba. Magetsi atathima tinamalizira pa laputopu, mitu itaunjikana pamodzi. Ndinawauza kuti maso akhale pa mawotchi: nthawi ya m'nkhanimo imayenda pafupifupi limodzi ndi ya woonera, aliyense akudikira sitima ya 12 koloko masana yobweretsa chigawenga, kwinaku mkulu wa apolisi akupempha thandizo m'tauni ndipo onse akumukana. Lachiwiri aliyense analemba kasewero kochitika m'mphindi khumi zokha. Ambiri kanawavuta, poti anazolowera kudumpha zaka.

Lachitatu ndinawauza zimene zinkamuchitikira mlembiyo. Mu 1951, filimuyo ikukonzedwa, komiti ya nyumba ya malamulo ya America yofufuza achikomyunizimu inamuitana. Anakana kutchula mayina a anzake. Ku Hollywood ntchito inamuthera, mnzake pabizinesi Stanley Kramer anasiyana naye, ndipo mu 1952 anasamukira ku England.

Mkangano unabuka Lachinayi. Foreman ndi Michael Wilson ndiwo analemba filimu ya The Bridge on the River Kwai ya mu 1957, koma mayina awo sanaoneke. Mphoto ya Oscar ya kalembedwe ka filimuyo inapita kwa Pierre Boulle, Mfalansa wolemba buku limene filimuyo inachokera, amene Chingerezi sankachilankhula n'komwe. Podzakonza cholakwikacho, onse awiri anali atatsikira kale kulichete.

Mtsikana wina anafunsa kuti, "Koma aphunzitsi, ngati munthu walandira zake, dzina nalo n'lachiyani?" Theka la kalasi linali mbali yake, ndipo sindinawadzudzule, ambiri mwa iwo analemberapo anthu masewero n'kungopatsidwa ya thiransipoti. Ine ndinati ndalama imatha mwezi usanathe, pomwe ntchito yotsatira imabwera chifukwa cha dzina. Onani zimene Foreman anachita atayambanso kugwiritsa ntchito dzina lake: The Guns of Navarone ya mu 1961 anailemba yekha, n'kukhalanso mkulu woyendetsa ntchito yonse yoikonza. Pamenepo panalibenso woti n'kumufufuta.

Lachisanu sitinaonere kanthu. Aliyense analemba kalata ya mgwirizano ya tsamba limodzi, yonena malipiro, tsiku lolipira ndi pamene dzina lake lidzalembedwe. Mtsikana uja anayamba ndi malipiro, koma dzinalo analiikamo.