Lipoti la ulendo wathu wa ku Roland Garros

Anzathu a mu gulu la tenesi amene munatsala, lipoti lija mwakhala mukufunsa ndi limeneli. Tinapita ku Paris kumapeto kwa Meyi 2025, sabata yoyamba ya Roland Garros, mpikisano waukulu wa tenesi wa ku France, nthawi imene osewera amakhala asanatuluke ambiri ndiye makhothi onse amakhala ndi magemu kuyambira m'mawa mpaka kuda.

Tinakwera sitima ya Eurostar pa siteshoni ya St Pancras ku London, maola awiri ndi kenakake tafika Gare du Nord ku Paris, kenako metro kukatsikira Porte d'Auteuil, pamenepo ndi wapansi basi, simungasochere, mungotsatira chigulu cha anthu a zipewa. Matikiti athu anali otchipako aja a makhothi akunja, mu khothi lalikulu la Philippe-Chatrier mmene mumalowa anthu pafupifupi 15,000 sitinalowemo, koma ine sindikudandaula ngakhale pang'ono chifukwa kunjako umakhala pafupi zedi ndi wosewera, kupuma kwake ukumva, nsapato ikukhwekhwereza pansi ukumva.

Tsono nkhani ya dothi lija amasewerapo. Pa TV timangoona kufiira, koma pamwamba pamene amathamangapo ndi njerwa zowotcha zimene anazipera mpaka kukhala ufa, mtundu wake ndendende fumbi lija limatsala pa uvuni kumudzi mukaphula njerwa. Amangowaza pang'ono kwambiri, mamilimita awiri okha, pansi pake pali miyala ya laimu yoyera yotsendera bwino, kenako miyala ina kuti madzi azilowa pansi mvula ikagwa. Seti ikangotha anyamata osamalira khothi amalowa chothamanga, wina kukoka chiukonde kusalaza, ena kusesa mizere, dzuwa likawomba amathira madzi ndi paipi kuti ufawo usauluke. Ine anthu amenewa anandigwira mtima, aliyense akudziwa pake, palibe wolankhula, mphindi zochepa khothi layera ngati sipanaseweredwe.

Ife tinazolowera makhothi olimba a m'mapaki kuno, ukamenya sevisi yamphamvu point yatha. Pa dothi zimenezo kulibe. Mpira ukagunda pansi umachepa liwiro nkudumpha m'mwamba, makamaka wa topspin, womenyedwa kuti uzizungulira chakutsogolo, umafika mpaka m'mapewa, ndiye mnzako amaupeza basi, ukamenya wabwera, ukamenyanso wabweranso, mpaka wina atope kapena aganize mochenjera aponye ka drop shot, kampira kongogwera pafupi ndi neti. Ndipo samathamanga mpaka pa mpira ayi, amatsetsereka dala mwendo uli kutsogolo nkumenya akutsetsereka choncho, masokosi onse ofiira. Ndi pamene ndinamvetsa chifukwa chake Pete Sampras ndi zikho zake 14 za Grand Slam, mipikisano inayi ikuluikulu ya tenesi, sanawineko ku Paris, pamene Rafael Nadal anawina komweko ka 14. Chiboliboli chake chachitsulo chili pafupi ndi polowera, tinajambulitsapo tonse ngakhale mzere unali wautali.

China chimene chinatisangalatsa, pakakhala mkangano kuti mpira walowa kapena watuluka, umpire amatsika pa mpando wake kukaona chidindo chimene mpira wasiya pa dothi, nkuloza ndi chala. Wimbledon, mpikisano waukulu wa ku London, inachotsa anthu oyang'ana mizere chaka chomwechi cha 2025 nkusiyira makina, koma ku Paris tinawapeza alipo, akukuwa okha.

Mkangano waukulu unabuka madzulo tikudya. Achemwali ena mu gulu anafunsa kuti bwanji gemu yausiku mu Chatrier, imene anthu ambiri amaonera pa TV ataweruka, imangokhala ya amuna. Ndipo ndi zoona, mu 2025 gemu ya akazi sinaikidweko usiku ngakhale imodzi, Ons Jabeur wa ku Tunisia anadandaulapo poyera. Achimwene ena anaikira kumbuyo zimene akuluakulu a mpikisanowu amanena, zoti amuna amasewera mpaka maseti asanu pamene akazi ndi atatu, ndiye munthu wagula tikiti ya gemu imodzi yokha asamaone itatha msanga. Ine ndili mbali ya achemwali. Ndalama za mphoto anazifananitsa kale mu 2007, nanga nthawi yabwino yoonetsera ikuvuta pati? Gemu imene inatikoma kwambiri pa ulendo wonse inali ya akazi, pa khothi laling'ono, anakokana maseti atatu anthu osafuna kuchoka pa mpando poopa kulandidwa malo. Ndipo titabwerera tonse tinaona Lois Boisson, mtsikana wa ku France amene anali nambala 361 pa dziko lonse, akuchotsa Jessica Pegula ndi Mirra Andreeva mpaka kufika semi final, sitediyamu yonse ili chilili. Coco Gauff ndi amene anatenga chikho atagonjetsa Aryna Sabalenka. Kwa amuna mukudziwa kale, Carlos Alcaraz anapulumuka katatu atatsala point imodzi kuti aluze (ma match point) nkumugonjetsa Jannik Sinner mu final patatha maola 5 ndi mphindi 29.

Khothi la Simonne-Mathieu tinangoliona kunja, analitsegula mu 2019 ndipo lazunguliridwa ndi nyumba zamagalasi zosungiramo zomera, ndi lokongola kwabasi, ulendo wina tiyesetse tipeze matikiti a mmenemo.

Ambiri tinagwirizana kuti tikadzapitanso tidzasankhe sabata yachiwiri kuti tikaonereko tenesi ya pa wheelchair, kuli Kgothatso Montjane wa ku South Africa amene anawina doubles komweko mu 2023 ndi Yui Kamiji wa ku Japan. Amene muli ndi pasipoti ya Malawi chonde visa ya Schengen muyambe kuyendetsa kudakali nthawi, matikitinso amatuluka kukadali miyezi ingapo ndipo amatha msanga, ndiye amene mukufuna lembetsani maina kwa msungichuma tiyambe kusonkha.