Lamlungu mpaka Loweruka: sabata ya wosewera wa AFL

Wosewera mu AFL, ligi yaikulu ya mpira wa malamulo a ku Australia womwe umaseweredwa ndi manja ndi miyendo yomwe, amayamba sabata Lamlungu m'mawa, thupi lonse likuphwanya. Dzulo lake amakhala atasewera zigawo zinayi za mphindi 20, zomwe ukawerengera nthawi yoyimitsa wotchi zimakwana pafupifupi maola awiri. Wosewera pakati amathamanga makilomita 12 mpaka 15 pabwalo lalikulu ngati la MCG ku Melbourne, uku akuwombana ndi anzake, chodzitetezera chili cha mano chokha. Ndiye ntchito ya Lamlungu ndi yochiza thupi: kulowa m'madzi a ayezi, kuyenda m'madzi a m'nyanja ofika m'chiuno, kupalasa njinga pang'onopang'ono, kenako kugona pabedi la physio, katswiri wothandiza ovulala minofu ndi mafupa, kuti aone pamene patupa.

Lolemba ndi tsiku la vidiyo. Makochi amadula masewero aja m'tizidutswa, ndipo aliyense amaonetsedwa zake anzake akuona: apa unamusiya munthu wako, apa unamenya mpira osayang'ana, apa unayenda m'malo mothamanga. Palibe pobisala, chifukwa kachipangizo ka GPS kamene amavala kumsana, pakati pa mapewa, kamalemba mtunda ndi liwiro lake lonse. Manambala omwewo ndi amene amauza makochi a zolimbitsa thupi kuti uyu achepetse sabata ino, uyu awonjezere.

Apa m'pamene pagona nkhani, ndipo ambiri oonera pa TV sapadziwa. Chovulala chimene chimavuta makalabu kwambiri ndi mnofu wa kuseri kwa ntchafu. Mnofuwu umang'ambika munthu akamathamanga mwaliwiro atatopa kale, kapena akawerama kutola mpira ali pa liwiro. Ukang'ambika, masabata atatu kapena anayi apita. Mankhwala ake si kupuma chabe ayi. Wosewera amene watha masiku ambiri osathamanga mwaliwiro ndiye amavulala msanga, choncho pakati pa sabata amamuthamangitsa dala kangapo pa liwiro lake lonse, ndipo ku jimu amagwada, mnzake n'kumugwira akakolo, iye n'kumagwa chakutsogolo pang'onopang'ono kuti mnofuwo ulimbe uli wotambasuka. Kuchulutsa n'koopsa, kuchepetsanso n'koopsa. Masewero otsatira akakhala patangotha masiku asanu kapena asanu ndi limodzi, maphunziro olemera amawadula kumene.

Zikafika pamutu, lamulo ndi louma. Wosewera amene ubongo wagwedezeka sabwerera m'bwalo asanathe masiku 12, ngakhale alumbire kuti ali bwino. Lamuloli linabwera mu 2021, ndipo n'loyenera, pakuti wachinyamata amene akuopa kulandidwa malo sangadzinenere yekha kuti mutu ukumuzungulira.

Maphunziro aakulu amachitika Lachitatu kapena Lachinayi, malinga ndi kalabu. Amayeserera kumenya mpira, kuupatsana ndi nkhonya, kuuwakha m'mwamba, ndi mmene angaimire woyimbira akaponya mpira. Mpirawo ndi wa mtundu wa Sherrin, wooneka ngati dzira, ndipo ukagunda pansi umadumphira kumene wafuna. Tsiku limodzi ndi lopuma, ndipo ena amaligwiritsa ntchito kuphunzira ku yunivesite kapena ntchito zamanja.

Lachinayi madzulo matimu a kumapeto kwa sabata amalengezedwa. Kalabu imakhala ndi osewera oposa 40, koma m'bwalo mumalowa 18 okha, ndi ochepa pabenchi. Wotsala amapita kukasewera mu ligi ya m'chigawo, VFL, SANFL kapena WAFL, ndipo akakhala kumeneko nthawi yaitali amadziwa kuti nyengo ikatha dzina lake likhoza kufufutidwa, pomwe anyamata a zaka 18 akubwera pa draft ya mu November, nthawi imene makalabu amasankha osewera atsopano.

Lachisanu amathamanga pang'ono, n'kukonza chikwama. A West Coast ndi Fremantle, makalabu a ku Perth, ndiwo amavutika: kuchoka ku Perth kupita ku Melbourne ndi maola pafupifupi anayi pandege, ndipo ulendo wopita kum'mawa umawapeza pafupifupi sabata iliyonse yachiwiri.

Loweruka, maola atatu masewero asanayambe, amadya mpunga kapena pasta. M'chipinda chovalira mumamveka kung'ambika kwa tepi yomanga akakolo ndi mapewa, fungo la mafuta otikitira lili ponseponse. Timu imaloledwa kusintha osewera ka 75 kokha pa masewero amodzi, motero amene akupuma movutikira amayamba wayang'ana kubenchi ngati nthawi yake yakwana. Ngati sinakwane, amabwerera kukaima pa munthu wake.