Mtembo umene unakana kutsetsereka

Ine kwaya ndinayamba ndili mwana kutchalitchi kwathu ku Zomba, ndipo besi yanga anthu ankaidziwa. Pamaliro ndikangoti "mmm", amayi a Mvano ankayamba kusisima asanalowe n'komwe m'nyumba ya siwa. Ndiye nditaona chipepala pakhoma la laibulale kuno ku Leeds, ku England, choti gulu lina la zisudzo la anthu wamba likufuna amuna a mawu aakulu, ndinati Mulungu wandikumbukira. Zaka zonsezi ndakhala ndikuimbira agogo achizungu kuntchito ndikamawasambitsa, ndipo iwo saomba m'manja.

Sewerolo linali Sweeney Todd. Sindinafunse zambiri. Nditamva kuti ndi nkhani ya munthu wometa, ndinaganiza kuti ndi zija za ku babashopu, miseche ndi mpira.

Tsiku loyamba lokonzekera, mayi woimba piyano anatigawira mapepala. Nyimbo zake anapeka Stephen Sondheim, ndipo seweroli linayamba kuonetsedwa ku Broadway, malo otchuka a zisudzo ku New York, mu 1979. Bambo ameneyu, mzimu wake uuse mumtendere poti anatisiya mu 2021, sankamufunira zabwino woimba aliyense. Ife kukwaya timadziwa kuti mawu anayi amayenda ngati banja lopita kutchalitchi, soprano patsogolo, besi pambuyo, onse kukafikira limodzi pa "ameni". Kwa Sondheim aliyense ali ndi ulendo wake. Mnzako wapambali akuimba noti yokhulana ndi yako ngati malata awiri pamphepo, ndipo ndi momwe mwiniwake analembera. Mawu ndi ambiri, othamanga, popumira palibe. Ukangomeza malovu, anzako ali kale patsamba lina.

Vuto langa linali khutu. Khutu loleredwa ndi nyimbo zamumpingo likamva kuti mawu sakugwirizana, limakonza lokha. Nyimbo yotsegulira imabwereka kachidutswa ka nyimbo yakale ya Chilatini ya pamisa ya maliro, yonena za tsiku la mkwiyo, n'cholinga choti omvera tsitsi liwaime. Ine ndinkaisalaza bwinobwino mpaka kumveka ngati ya paukwati. Mayi wa piyano ankaima n'kuvula magalasi. "Pali wina kumbuyoko akuimba mokoma kwambiri." Ine n'kumamwetulira, osadziwa kuti umenewo ndi mlandu.

Patatha masabata atatu anandikweza paudindo. Ndi mmene ananenera iwowo. Anati ndili ndi nkhope yoti anthu angaimvere chisoni, choncho ndikhale kasitomala.

Apa m'pamene nkhani ndinaimvetsa. Wometayo anamutumiza kuukaidi ku Australia popanda mlandu, chifukwa woweruza milandu ankasirira mkazi wake. Patatha zaka 15 wabwerera ku London, watsegula malo ake pa Fleet Street, ndipo poti woweruza uja wamupulumuka, wayamba kudula khosi aliyense wobwera kudzameta ndevu. Pansi pa chipinda chakecho pali Mayi Lovett, amene bizinesi yawo ya mapayi, timabanzi toika nyama m'kati, inali italowa pansi chifukwa nyama yakwera mtengo. Zotsalazo mwazidziwa kale. Ndipo zonsezi amaziimba mosangalala! Chigawo choyamba chimatha ndi nyimbo yovina awiriwiri, yokoma ngati ya pachinkhoswe, awiriwa akukambirana kuti wansembe angakome bwanji, loya bwanji, wandale bwanji. Mfundo yawo ndi yoti padziko pano anthu amadyana kale, akuluakulu kudya ang'onoang'ono, iwo angotembenuza mbale basi. Ndinaseka mpaka misozi. Kenako ndinakumbukira kuti matikiti 12 ndinali nditagulitsa kale kwa anthu akumpingo kwathu, abusa ndi amayi busa omwe. Ndinali nditawauza kuti ndi konsati.

Ntchito yanga inali yosavuta. Kulowa, kukhala pampando, kupakidwa thovu, lumo kudutsa, kenako wometa akoka chitsulo, mpando upendekeka, ine n'kutsetsereka pakabowo mpaka pansi pa steji pomwe anayala matiresi. Pokonzekera ndinatsetsereka kasanu konse ngati thumba la chimanga. Kungoti pokonzekera ndinkavala malaya okha, m'mimba muli tiyi.

Tsiku lenilenilo amayi akunyumba anati mwamuna wawo sangakafe ndi njala pamaso pa azungu. Anatakasa nsima ya ufa woyera umene alamu anabwera nawo kuchokera kumudzi, ndiwo yake nkhuku. Ndinadya mitanda inayi. Kuholo anandiveka chijekete chochindikala cha makedzana, n'kundibisira kathumba ka magazi abodza m'kolala.

Chigawo chachiwiri chinafika. Wometa akuimba nyimbo yofatsa yokumbukira mwana wake wamkazi, mawu ngati akugoneka khanda, dzanja lili pakhosi pa anthu. Lumo linadutsa. Magazi anatuluka bwino kwambiri. Chitsulo anakoka. Miyendo inalowa, chiuno chinalowa, mimba inakana.

Ndinatsakamira pomwepo, theka pansi theka pamwamba, ngati mbewa yonenepa pauna. Mtembo sutsegula maso, ndiye ndinatsinzina n'kumadzigwedeza pang'onopang'ono mobisa. Pansipo anyamata awiri anayamba kundikoka miyendo. Nsapato inavuka. Wometa, munthu wolimba mtima, sanasiye kuimba. Anangoika dzanja pamutu panga ngati akundidalitsa, n'kumakankha motsatira piyano. Kasitomala wotsatira anali atalowa kale, chipewa chili m'manja, akudikira mwaulemu kuti mnzake amalize kufa.

Anthu onse ali zii, ndinamva mawu a amayi akunyumba kuchokera pamzere wachitatu, m'Chichewa chosapsatira:

"Abambo, bwezani mimbayo!"

Amalawi 12 anafa nacho chiseko. Azungu mawuwo sanawamve, koma anaona ndi maso awo mtembo ukumvera mkazi wake. Ndinakoka mimba ndi mphamvu zanga zonse, batani la jekete linathothoka n'kukagwera kwa mayi wa piyano, ndipo ndinatsikira pansi ndi "Mayo ine!" imene Sondheim sanalembe.

Sewero litatha, okonza anali ataika mapayi a nyama patebulo, nthabwala yawo imeneyo. Amayi busa anawayang'ana nthawi yaitali, n'kufunsa ngati pali mabisiketi. Ine ndinkazemba abusa, kuphazi kuli nsapato imodzi, koma anandipezerera pakhomo. Anandigwira dzanja osalisiya, nkhope ili gwa.

"Achimwene, ndili ndi funso. Chizungu chawo chija chinathamanga, sindinamve bwino. Pakati pa wansembe ndi wandale, anati wokoma ndani?"

Ndinawauza zoona, kuti wandale anamudandaula mafuta, koma wansembe anamuyamikira. Abusa anagwedeza mutu mokhutira, n'kubwerera patebulo kukatenga payi.