Flash ya apongozi

Inetu pabanja pathu amanditenga ngati katswiri wa makompyuta, chifukwa chabe ndinakonzapo foni ya amalume yomwe inangokhala pa flight mode. Ndiye vidiyo ya ukwati wa alamu anga itabwera, apongozi anatulutsa kaflash kokulunga m'kampango nkuti "bambo, tiikireni umu tizikaonera pa TV kumudzi."

Flash ya 32GB, malo ambirimbiri, vidiyo 7GB basi. Ndikuti ndikope, Windows ikukana ati file too large. Ndinayesa katatu, ndinazula nkuuzira mpweya ngati ndikukoleza moto koma ayi ndithu. Kenako ndinaona kuti flash ili pa FAT32, kasanjidwe kakale ka mu 1996, ndipo sikalola fayilo imodzi yopitirira 4GB olo malo atakhalapo bwanji. Zili ngati nyumba yayikulu yachitseko chaching'ono, mipando ilowa koma kabati itsala panja.

Ndinawafotokozera zimenezi mokweza kuti madamu amve kuti sanakwatiwe ndi munthu wamba, kenako Format, kusankha exFAT, kasanjidwe katsopano kolola mafayilo akuluakulu. Panabwera kachenjezo, ine osawerenga nkomwe ndinangodina OK. Vidiyo inalowa bwinobwino, anthu m'manja.

Kuika pa TV, zii. TV yathu ndi yakale, exFAT siyiyidziwa, imangoti mulibe kanthu. Apongozi ndi mtima wawo wabwino uja akuti "musavutike bambo, tiikireni kaye nyimbo za kwaya zili momwemo, mawa mundisindikizirenso kaundula wa banki m'khonde, Lachiwiri tikugawana."

Abale inu thukuta linatuluka mpaka kuzikhatho. Amayi 24, ndalama za chaka chonse, amene anakongola ndi amene anabweza, zonse zinali mu Excel imodzi ndipo ine ndaisesa ndi Format ija. Ndinanama kuti flash yatentha ikufunika ipume.

Usiku onse ndinali pa laputopu ndi Recuva, pulogalamu yobwezeretsa mafayilo ofufutika. Paja quick format, yomwe ndinapanga ija, sifufuta zinthu zenizenizo, imangong'amba mndandanda wa pomwe fayilo iliyonse ili, ngati aphunzitsi ataya rejisita ana ali m'kalasi momwemo. Vuto ndi loti ine ndinali nditakhazika kale chi 7GB changa pamwamba pa anawo. Excel inabwera koma kutsegula muli timabokosi ndi zilembo zosaoneka mutu wake, nyimbo zina zikuyamba bwino kufika pakolasi nkuduka. Mwamwayi mlembi wa gulu amalembanso m'kope, ndinamva m'mawa mwake nditaonda kale.

Chomwe sindinaganize nchoti pulogalamuyi imafukulanso zomwe mwiniwake anafufuta dala kalekale. Mmawa anthu ali pa tiyi ndi mbatata, ine pofuna kubweza ulemu ndinalumikiza sipika nkutsegula ka audio kena kopanda dzina, ndimati ndi kwaya.

Anali mawu a apongozi, akuuza achemwali awo nthawi ya chinkhoswe chathu: "mnyamatayo ulemu ali nawo, koma amadziyesa odziwa chilichonse, tsiku lina adzatigwetsera nyumba ameneyu."

Madamu tiyi anatulukira m'mphuno. Apongozi anaika kapu pansi pang'onopang'ono, nkutambasula dzanja osandiyang'ana.

"Bambo, tapatseni kaflash kanga."