Kafilimu ka kuchigayo: pamene ndafika

Ndikupitiriza kujambula kafilimu kanga pa foni motsatira malamulo opangira mafilimu otchedwa Dogme 95, amene otsogolera mafilimu Lars von Trier ndi Thomas Vinterberg analemba ku Copenhagen mu 1995. Alipo 10. Ena savuta: kamera uzigwira pamanja, uzijambulira pamalo enieni, usabwere ndi magetsi apadera ounikira. Munthu wopanda ndalama amatsatira zimenezi asanaziwerenge n'komwe. Loti filimu ikhale pa tepi ya sinema ya 35mm ndalisiya, poti ngakhale Festen, filimu ya Vinterberg imene inapata mphoto pa chionetsero cha mafilimu ku Cannes mu 1998, anaijambula ndi kakamera kavidiyo.

Limene landitulutsa thukuta ndi la mawu. Limati mawu ajambulidwe limodzi ndi chithunzi pamalo pomwepo, ndipo nyimbo ilowe pokhapokha ngati ikumveka pamalopo. Nkhani yanga ndi ya mtsikana ndi mlamu wake amene akulimbirana chimanga cha malemu, ndipo akumana kuchigayo. Injini ya dizilo ikayamba kulira, foni siigwira china chilichonse. Anzanga akuti tikajambule zolankhulazo m'nyumba usiku, tidzaphatikize pa kompyuta. Lamulo likukana, inenso ndakana.

Ndiye ndafufuta masamba ambiri a zolankhula zimene ndinalemba. Mkangano tsopano uli m'manja: kulandana beseni, kumanga thumba mwaukali, wina kudzipukuta ufa kumaso osayang'ana mnzake. Mawu atsala ochepa, ndipo amalankhulidwa pa kamphindi kaja wachigayo amazimitsa injini podikira chimanga china. Mtsikanayo amangoti, "Alamu, nkhokwe ija munaitsegula ndi yani?" Asanayankhidwe, injini yayambanso. Pa pepala ndinali nditalemba yankho lalitali lofotokoza zonse, koma woonera akamanidwa yankholo amayamba kumukayikira mlamuyo, zimene nkhaniyi imafuna. Olemba haiku, ndakatulo zazifupi za ku Japan za mizere itatu, amakumana ndi zomwezi powerenga maphatikizo 5, 7 ndi 5: pamene malo achepa, mawu okometsera ndi amene amayamba kutayidwa.

Sikuti malamulo onse ndikuwagomera. Lija loti dzina la wotsogolera filimu lisalembedwe ndi chibwana chabe, nanga alipo amene sadziwa amene anapanga Festen?

Loweruka tijambula ulendo wobwerera kunyumba chakumadzulo. Kukada, lamulo limalola nyale imodzi yomangirira pa kamera, kupanda apo chigawocho uchichotse. Ndiyesa tochi ya foni yomweyo, ndione ngati nkhope zizioneka pa mtunda wa mamita awiri.