Apilo ya chilango si kukapempha chifundo ayi

Sabata ino ndakhala ndikulimbana ndi mutu wa kaperekedwe ka chilango, makamaka mfundo yoti chilango chizilingana ndi kukula kwa mlandu, komanso nthawi imene khoti lalikulu limachepetsa chilango munthu akachita apilo. Poyamba ndinkauona ngati mutu wophweka, kuti wakuba foni asalangidwe ngati wopha munthu, ndani sadziwa zimenezo. Mfundoyi ndi yakalekale, ngakhale mu Magna Carta, chikalata cha malamulo cha ku England cha mu 1215, inalimo, kuti kamlandu kakang'ono chindapusa chakenso chikhale chaching'ono, osati chomulanda munthu podyera pake. Koma nditayamba kuwerenga zigamulo zenizeni mpamene mutu unayamba kutentha.

Ine mmaganizo mwanga apilo inali ngati mwayi wachiwiri wokadandaula, kuti loya akaima pamaso pa majaji n'kunena kuti munthuyu ali ndi ana, walapa, mumuchitire chifundo. Si choncho. Majaji a apilo sasintha chilango chifukwa choti iwowo akanakhala pampandopo akanapereka china. Mlandu wa House v The King wa ku Australia wa 1936 ndi umene unandimasula: uyenera kuloza pamene woweruza woyamba analakwitsa, kaya anatsata mfundo yolakwika ya lamulo, kaya anaganizira zinthu zosakhudzana ndi mlandu, kaya anasiya dala kapena kuiwala chinthu chofunika, kaya anamva molakwika zomwe zinachitika, apo ayi chilangocho chikhale chopyola muyeso moti aliyense akhoza kuona kuti penapake pasokonekera ngakhale sitikupaona. Ndiye ngati milandu yamtunduwo imathera pa zaka 4 mpaka 6 ndipo munthu wapatsidwa 5, ngakhale jaji wa apilo mumtima akuti ine ndikanapereka 4, sakhudza. Koma akapatsidwa 12 popanda chifukwa chomveka, pamenepo nkhani ilipo. Poyamba zinandiwawa, koma ndamvetsa, woweruza woyamba ndi amene anamuona munthuyo ndi maso, anamva mboni zikulankhula, pamene a apilo amangoona mapepala basi.

Nanga muyesowo amaupeza bwanji? Ku South Africa mlandu wa S v Zinn wa 1969 unati woweruza aziyang'ana zitatu, mlanduwo, munthu wopalamulayo, ndi zofuna za anthu onse, ndipo chilango cha Zinn chinachepetsedwa poti woweruza woyamba anatengeka kwambiri ndi kuipa kwa mlandu n'kumuiwala munthuyo. Apa mpamene pamalowera zopeputsa mlandu monga kukhala koyamba kupalamula, kuchepa msinkhu, kubweza zomwe unaba, nthawi imene wakhala kale pa rimandi. Kuvomera mlandu nakonso, ku England mpaka anachita kuika masamu, ukavomera koyambirira amakuchotsera gawo limodzi mwa magawo 3 a chilango, ukachedwa zimatsika kufika limodzi mwa magawo 4, ukadikira tsiku loyamba kuzenga mlandu limodzi mwa magawo 10. Izi zimandipatsa mantha pang'ono, chifukwa munthu wosalakwa amene watopa ndi rimandi akhoza kungovomera kuti zithe, ndipo sindikuganiza kuti tiziwerenga lamulolo osaganizira vuto limeneli.

Koma zomwe zandisowetsa tulo ndi milandu iwiri ya ku America. Jerry Helm wa ku South Dakota analemba cheke cha madola 100 akudziwa kuti alibe akaunti, ndiye poti anali ndi milandu ina 6 yakale, yonse yopanda chiwawa, anamupatsa ndende moyo wonse popanda mwayi wodzatuluka. Mu 1983 khoti lalikulu la dziko lonse la America linati ayi, izi n'zopyola muyeso, majaji 5 kutsutsana ndi 4. Ndinapuma bwino. Kenako ndikutsegula wa Gary Ewing wa ku California, anaba ndodo zitatu zosewerera gofu, ndipo chifukwa cha lamulo lawo la nthawi imeneyo loti ukapalamula kachitatu basi zako zada, anamupatsa zaka 25 mpaka moyo wonse, ndipo mu 2003 khoti lomwelo linati palibe cholakwika, majaji 5 kutsutsana ndi 4 kachiwirinso. Inde milandu yakale ya Ewing inali yoopsa kuposa ya Helm, munali kuthyola nyumba ndi kulanda, komanso iyeyu anali ndi mwayi wodzapempha kutuluka zaka 25 zikatha, zimenezo ndikuziona. Komabe abale, ndodo zitatu! Milandu yakaleyo anali atalangidwa nayo kale. Ine ndikuona kuti mbiri yoipa ikhoza kukweza chilango inde, koma denga lake liziikidwa ndi mlandu umene munthu waimira lero, apo bii tikumulanga kawiri pa chinthu chimodzi, kapena tikumugwiritsa ntchito ngati choopsezera ena, ngati kuti iyeyo si munthu.

N'chifukwa chakenso zilango zochita kukhomeredwa mu lamulo, zoti woweruza alibe mpata wosankha, makhoti ambiri azikana. Mlandu wa Kafantayeni ku Malawi mu 2007 ndi wa Muruatetu ku Kenya mu 2017 inathetsa zoti aliyense wopezeka wolakwa pa mlandu wakupha azingolamulidwa kuphedwa osamumva kaye, poti wopha mwachiwembu atakonzekera ndi wopha pa ndewu yongobuka sangakhale pa sikelo imodzi.

Pano ndili ndi asayimenti yolemba zifukwa za apilo pa nkhani yongopeka, mnyamata wa zaka 19 wathyola nyumba zitatu usiku umodzi, wavomera, katundu yense wapezeka, koma majisitireti wamupatsa zaka 5 pa nyumba iliyonse zoti azigwire motsatizana, kukhala 15. Zomwe ndinalemba Lolemba zoti amayi ake akudwala ndiye mumumvere chisoni ndazifufuta. Ndikuyambira pa mfundo yoti woweruza akaphatikiza zilango amayenera kubwerera mmbuyo n'kuyang'ana chiwerengero chonsecho ngati chikulingana ndi zomwe munthuyo anachita usiku umenewo, ndipo mu chigamulocho palibe paliponse pamene majisitireti anachita zimenezo, ngakhale zovomera mlanduzo sanazitchule n'komwe.