Zoyera za pansi pa testi chubu zija sizinagone

Sabata yonseyi ndakhala ndikulimbana ndi solubility equilibrium mu kemisitiri, nkhani ya malire a kusungunuka kwa michere m'madzi, ndipo mutu unayamba kutseguka tsiku la labu. Tinatenga madzi osungunuliramo sodium chloride, oonekera mpaka mbali inayo, kenako ndikudonthezamo silver nitrate, nayenso woonekera chimodzimodzi. Dontho loyamba kungogwa basi mkati monse munachita ngati mtambo woyera, ndiye silver chloride ameneyo, AgCl. Patapita mphindi zingapo zoyerazo zinadikha pansi, ndipo chubu ina yomwe inatsala pafupi ndi windo inayamba kuda, kuoneka yotuwa mopita ku pepo, chifukwa kuwala kumaphwanya AgCl nkusiya siliva.

Ine kuyambira kale ndinkangoloweza kuti AgCl sasungunuka m'madzi, nkhani yatha. Kumeneko ndiye kunali kulakwa kwanga. Amasungunuka ndithu, kungoti pang'ono zedi, pafupifupi 1.3 × 10^-5 mol mu lita imodzi pa 25°C, kapena kuti mamiligalamu osakwana awiri. Ndipo zoyera za pansizo sizinangokhala phee, nthawi zonse ma ion a Ag+ ndi Cl- ena akuchoka pa kristo kulowa m'madzi pomwe ena akubwerera kukamatirira, liwiro la mbali ziwirizi likafanana maso athu amaona ngati palibe chikuchitika. Nditamvetsa zimenezi Ksp (solubility product, nambala yosonyeza malire a kusungunuka kwa mchere) inasiya kukhala nambala yongopatsidwa m'buku. Ksp ya AgCl ndi pafupifupi 1.8 × 10^-10, kutanthauza kuti ukachulukitsa [Ag+] ndi [Cl-], kuchuluka kwa ma ion amenewa pa lita imodzi, m'madzi okhuta sungadutse pamenepo, zikadutsa zotsalazo zimagwa pansi.

Ndiye pali Q. Fomula yake ndi yomweyo ya Ksp koma umaikamo ma concentration omwe alipo panthawiyo. Q ikaposa Ksp precipitate, zogwa pansi zija, imapangika, ikachepa palibe chigwe. Zophweka eti, koma apa mpamene ndinaluza mamalikisi. Funso linati sakaniza 50 mL ya silver nitrate (AgNO3) ya 2.0 × 10^-5 M (M ndi mol pa lita) ndi 50 mL ya sodium chloride (NaCl) ya mphamvu yomweyo, ine ndinathamangira kalikyuleta nkupeza Q = 4.0 × 10^-10 nkulemba kuti precipitate ipangika. Ndinaiwala kuti ukasakaniza voliyumu yakhala 100 mL, ndiye aliyense watsika ndi theka kufika 1.0 × 10^-5, Q yeniyeni ndi 1.0 × 10^-10, yochepa kuposa Ksp, madziwo akhala oonekera bwinobwino. Yankho lonse linatembenuka chifukwa cha sitepe imodzi. Zinandiwawa, panopa ndisanalembe china chilichonse ndimayamba ndalemba voliyumu yonse pamwamba pa pepala.

Common ion effect, kuchepa kwa kusungunuka ngati m'madzimo muli kale imodzi mwa ma ion a mcherewo, sinandivute kwenikweni, ndi lamulo la Le Chatelier loti ukawonjezera mbali imodzi equilibrium imasunthira mbali inayo. Ukaika AgCl mu NaCl wa 0.10 M, chloride alimo kale wambiri ndiye siliva yemwe angasungunuke amatsika kufika 1.8 × 10^-9, kuchepa ka pafupifupi 7000 poyerekeza ndi m'madzi wamba.

Pomwe ndinakhalitsa mpaka usiku ndi pa silver chromate, Ag2CrO4. Ksp yake ndi pafupifupi 1.1 × 10^-12, yaing'ono kuposa ya AgCl, ndiye mtima umangothamangira kunena kuti iyeyu ndi amene sasungunuka kwambiri. Ayi ndithu. Chifukwa choti siliva alipo awiri pa chromate mmodzi, ukatenga s ngati solubility ndiye [Ag+] ndi 2s, ndipo 2s ameneyo umamusikweya, Ksp imakhala 4s^3. Ukawerengera s amatuluka pafupifupi 6.5 × 10^-5, kuposa wa AgCl pafupifupi kasanu. Ndinabwereza katatu poganiza kuti ndasokoneza penapake koma ndi momwemo. Ma Ksp umangowayerekeza mwachindunji ngati mcherewo ukugawika mofanana, mmodzi kwa mmodzi onse, apo ayi werengera s kaye. Ndipo si masamu ongovutitsa, njira ya Mohr yoyezera chloride imadalira zimenezi: ukamadontheza silver nitrate m'madzi a chloride omwe waikamo chromate pang'ono, AgCl woyera ndi amene amayamba kugwa, chloride akatha mpamene chromate amapanga mtundu wofiira ngati njerwa, iwe nkudziwa kuti ima pompa.

Chinanso chomwe chinandigwira mtima ndi barium sulfate. Ma ion a barium ndi poizoni, koma BaSO4 odwala amamwa asanajambulidwe X-ray ya m'mimba, chifukwa Ksp yake ndi pafupifupi 1.1 × 10^-10, zosungunuka nzochepa kwambiri moti amangodutsa m'matumbo nkutuluka. Barium carbonate yekha sangayerekeze kumupatsa munthu, asidi wa m'mimba amadya carbonate uja nkukhala madzi ndi carbon dioxide, equilibrium nkumakokedwa, barium nkumasungunuka mosalekeza. Chitsulo chimodzimodzi, ufa woyera onse awiri, wina wothandiza dokotala wina wakupha.

Kumapeto kwa labu aphunzitsi anatiuza tithire ammonia mu chubu ya AgCl ija. Ndinathira pang'onopang'ono ndikugwedeza, zoyera zija zinayamba kuchepa mpaka kuzimiririka, chifukwa ammonia amagwira siliva nkupanga [Ag(NH3)2]+, Q nkutsika pansi pa Ksp, kristo nkumapereka ma ion ena mpaka kutheratu. Kenako tinadonthezamo nitric acid, mtambo woyera uja nkubwereranso pomwepo. Mawa ndiyamba mafunso a ma hydroxide ndi pH, a Mg(OH)2 ndawaona kale kuti 4s^3 uja alimonso.